Nkhope ya Mwana Wanga pa Khoma la Achimwene

Achimwene anga anabwera kuchokera ku Joni opanda suti. Ichi chokha chinali mlandu kwathu ku Nkhata Bay m'zaka za m'ma 1950, pamene mwamuna wotsika sitima ankayenera kutsika atavala tayi, chipewa ndi nsapato zolira, ngakhale m'thumba mukhale mphepo yokhayokha. Amayi anapita kudoko ndi anzawo awiri a kutchalitchi oti akawathandize kusenza katundu. Anabwerako ndi sutikesi imodzi basi. Titaitsegula tinapezamo mapepala, kamera yokwana m'manja, ndi makina ena akuda okhala ndi handulo pambali. Bulangete la amayi munalibe, mpango wanga munalibe. Amayi anayang'ana mwana wawo n'kuti, "Ada, zaka zonse zija?" Atatero anatuluka kukayanika chinangwa chawo.

Ku Joniko ankasesa ndi kunyamula katundu m'sitolo yogulitsa makamera, ndipo ndi kumene matendawa anawagwira. Ndikuti matenda chifukwa ndi mmene tonse tinkanenera. Ndakatulo ankalemba kuyambira ali kusukulu ya mishoni, koma zija zinali zomveka, zokhala ndi mutu ndi mchira, zoti aphunzitsi n'kuziwerenga pamsonkhano wa makolo. Zimene anabwera nazo zinali zina. Pepala lathunthu mawu anayi, ena pamwamba, ena pakati, ena pangodya penipeni. Tsiku lina anandiwerengera imodzi ine ndikusenda chinangwa. Inali m'Chitonga chathu, koma m'Chichewa ingamveke chonchi:

Chingwe.
Dzanja.
Chingwe chatha.
Dzanja likadali kukoka.

Ndinadikira. Iwo duu.

"Ndiyeno?"

"Yatha, mlongo."

"Yatha? Koma abale! Achimwene, munthu kupita mpaka ku Joni kukatenga chingwe? Zingwe zili mbwee padoko apa!"

Anaseka mpaka kutsokomola. Munthu uja sankadziwa kukwiya. Mkwiyo wa banja lathu lonse ndinatenga ndine, ndipo pakamwa panga sipankachedwa. Iwo ankanditchula mwera, mphepo ija yotembenuza mabwato, ine n'kumawatchula wamisala wa amayi. Tinkakondana kwambiri.

Masana ankalemba makalata a anthu pakhonde la sitolo ina pafupi ndi msika, ndipo zimene ankapeza pamenepo zinkathera ku filimu. Kagudumu kamodzi ka filimu kankatha munthu asanamalize kumwa tiyi. Akajambula ankakakulunga bwinobwino n'kukatumiza ku Joni kuti akakatsuke, chifukwa kuno kunalibe wodziwa ntchitoyo. Kupita ndi kubwera inali miyezi itatu, mwina inayi. Kakabwera, ankabwereka batire kwa mnzawo woyendetsa lole, n'kutseka mawindo a kanyumba kawo ndi mabulangete, masanasana. Babu ikayaka ankapukusa handulo ya makina akuda aja, zithunzi n'kumayenda pakhoma lopaka laimu. Filimuzo zinalibe mawu. Mawu ankaika okha, kunena ndakatulo zawo dzanja likupukusa.

Vuto linali zimene ankajambulazo. Anthu ankafuna kudziona nkhope, iwo ankajambula mapazi a onyamula katundu padoko, manja a amayi akufinya chinangwa chovuulidwa, mthunzi wa ukonde pamchenga. Anyamata a malipenga anawaitana kuti awajambule akuvina. Anasita makabudula oyera, anakoka masokosi mpaka m'mawondo, anapesa tsitsi ndi kugawa mzere. Patatha miyezi itatu anadzaza kanyumba kaja, thukuta kamukamu, n'kuona fumbi, mawondo ndi zigongono. Nkhope ngakhale imodzi ayi.

"Imitsani pamenepo!" anakuwa wina. "Bondo limenelo ndi langa!"

"Siziima, ada," anayankha achimwene, dzanja likupukusabe. "Babuyi ndi moto. Filimu ikaima patsogolo pake imapsa."

Tsiku limenelo akanamenyedwa ndikanapanda kuima pakhomo ndi pakamwa pangapa.

Analinso ndi kachitidwe kena. Akajambula filimu mpaka kumapeto, nthawi zina ankaibwezeranso m'kamera n'kujambula chinthu china pamwamba pa choyambacho. Zikabwera zinkaoneka zonse ziwiri pamodzi. Ina anajambula msika, kenaka mitambo, ndipo tinaona azimayi a usipa akuyenda m'mlengalenga ndi malichero awo pamutu. Imeneyo ndinaikonda, ngakhale sindinawauze. Ndinangoti, "Mwakweza anthu kumwamba asanalape."

Ine nthawi imeneyo ndinali pabanja, koma banja la makalata. Amuna anga anapita kumigodi ndili ndi pakati, ndipo mwana wathu wamkazi anafika zaka zitatu bambo wake asanamuonepo. Anali kamwana kolongolola, kotengera ine, kokhala ndi kachipsera pachibwano kamene kanadzipweteka pamwala wochapira. Malume ake kankawaitana "asibweni" monga timanenera kwathu, ndipo kankawatsata paliponse. Iwo ankakawerengera ndakatulo zawo, iko n'kumawomba m'manja. Ankati m'boma lonse la Nkhata Bay womvetsa ntchito yawo ndi ameneyo yekha.

Kalata iliyonse ya amuna anga inkatha ndi pempho limodzi: nditumizireni nkhope ya mwana wanga. Anatumiza kadiresi koyera ka mabatani kumsana kuti akajambulitse atavala. Panali munthu wina wojambula zithunzi amene ankabwera paboma mwezi ndi mwezi, n'kupachika nsalu yake yamaluwa pamtengo. Anzanga onse ankapita kumeneko. Ine ndinanyada. Ndinati ana a anzanga aime chilili ngati zitsa, wanga bambo wake adzamuona akuyenda ndi kuseka. Kunyada kumeneko ndimakulira mpaka lero.

Linali Lamulungu m'mawa titaweruka kutchalitchi. Ndinamusambitsa, kumudzoza, kumuveka kadiresi kaja, n'kumuimika pansi pa mango kuseri kwa nyumba ya amayi.

"Achimwene, tamverani. Nkhope. Osati mapazi, osati mthunzi, osati nyerere zodutsa. Nkhope ya mwana."

"Ndamva, mlongo."

"Mukajambula bondo ndikuswerani kamerayo pamutu."

Ndinaima kumbuyo kwawo ngati kapitawo wa pamsewu, ndipo ndinaona ndi maso angawa kuti kamera yaloza kunkhope. Mwanayo poyamba anachita manyazi. Kenaka malume ake analira ngati mbuzi, iye n'kuphulika nako kuseka, mutu chagada, mano onse pamtunda. Kamera inalira mpaka inaima yokha. Patapita masiku ochepa achimwene anatumiza phukusi ku Joni, ine n'kulembera amuna anga kuti akadzabwera adzaona zimene sanaonepo mwamuna aliyense wa kumigodi.

Mwezi usanathe kunabwera chikuku. Chinalowa nyumba ndi nyumba kuyambira kumsika kukwera mtunda. Wanga chinamugwira Lachiwiri. Tinayesa zonse, za kuchipatala ndi za amayi zomwe, koma chinatsikira m'chifuwa. Anatisiya m'mawa wa tsiku lachisanu ndi chinayi, dzuwa lili bwinobwino, anthu akupita kumsika ngati palibe chachitika.

Za maliro sindinena zambiri. Bokosi anakhoma achimwene okha, osalola wina kugwira hamala. Azimayi akuluakulu anati zovala za mwana zipite naye, zisatsale m'nyumba zizindidya mtima. Anapinda kadiresi koyera kaja n'kukaika m'bokosi, pamodzi ndi kansalu kake kofunda. Sindinakane. Anthu anadabwa kuti mwera uja wafatsa bwanji. Sankadziwa kuti mumtima ndinali ndi pogwira: mwana wanga ali ku Joni m'kachitini, akuseka, ndipo abwera pasitima.

Amuna anga anayankha kalata ya maliro ndi mizere yochepa. Anati ntchito aisiya akangomaliza miyezi yotsala. Anati filimuyo ikafika ndiisunge ngati diso langa, chifukwa ndi pokhapo pamene adzaonere mwana wawo.

Achimwene anasintha. Anasiya kudya kwathu, anasiya kuseka, ndipo ndikatchula za filimu ankayang'ana pansi. Ine ndinkati ndi chisoni. Tsiku lina sitima itafika tinatsikira limodzi kupositi kukafunsa, ndipo tinapeza kulibe kanthu. Pobwerera, tili pakati pa msika, anaima.

"Mlongo, pali mawu."

"Nenani."

"Filimu ija ndinaidutsitsa kawiri."

Sindinamve msanga. Anabwereza. Anati tsiku lotsatira Lamulungu lija anatsikira kudoko masana, dzuwa lili paliwombo, ndipo madzi ankang'anima mwakuti anakumbuka kuseka kwa mwanayo. Filimu inali ikadali m'thumba. Anaibwezera m'kamera n'kujambula madziwo pamwamba pa nkhope yake.

"Ndinkati zikhala zokongola," anatero. "Ndinkati ya alamu ndidzajambula ina, yooneka bwino. Ndinkati mwana alipo, mlongo. Ndinkati alipo."

Mayo ine! Zimene ndinanena pamsika paja sindingazilembe. Ndinawatukwana achimwene anga, obadwa ine ndisanabadwe, pamaso pa ogulitsa usipa ndi onyamula katundu. Ndinati ndinu mfiti yopanda mankhwala. Ndinati anzanu amabwera ndi njinga ndi makina osokera, inu munabwera ndi misala yodzaphera mwana wanga kachiwiri. Ndinawagenda ndi chinangwa cha mayi wina amene sindinkamudziwa n'komwe. Iwo anangoima, chipewa m'manja, mpaka azimayi anandigwira n'kundikokera kunyumba.

Amuna anga sindinawalembere za zimenezi. Ndikanayamba ndi mawu ati? Ndinangokhala kudikira. Sitima ikalira kuseri kwa phiri ndinkathamangira kupositi. Ndinkafuna phukusilo lifike, ndinkafunanso limire panjira. Ndi achimwene sitinkalankhulana. Tikakumana kupositi, iwo ankaima uko ine uku, kalaliki akapukusa mutu aliyense n'kubwerera njira yake.

Linafika mwezi wachinayi. Anabwera nalo okha pakhomo panga m'mawa, maso ali psuu. Anakhala pakhonde, natulutsa kagalasi kokulitsira zinthu, n'kuyamba kufunyulula filimuyo pang'onopang'ono moyang'anitsa kudzuwa. Aka kanali koyamba kuti ndiione pafupi. Ndi kalamba kopyapyala, ndipo pakalambapo pali tizithunzi tondondozana, kalikonse kochepa ngati njere ya mpunga. Anayang'ana kamodzikamodzi, nthawi yaitali, ine nditaima ndi mtsuko m'manja. Kenaka anapuma mwamphamvu.

"Alipo."

Anandifotokozera. Paliponse pamene madzi ankang'anima, kuwalako kunadya nkhope. Koma pamene ankajambula, bwato la msodzi linadutsa pafupi, ndipo pamene panali thupi lakuda la bwatolo madzi sanawale. M'menemo nkhope inatsala. Anawerenga tizithunzito kawiri. Tinali tisanu ndi tiwiri.

"Pakhoma ndi kuphethira kwa diso kokha," anatero. "Koma tamvera, mlongo. Kusitolo kuja ku Joni kuli munthu amene angathe kutenga kamodzi mwa timeneti n'kukakulitsa papepala. Chikhala chithunzi chenicheni, choika m'felemu. Sitima ikamabwerera kummwera ndiitumizanso. Alamu adzachipeza."

Ndinasuzumira pakagalasi kaja. Ndinaona kadontho kotuwa, kena kakuda, basi. Maso anga sanazolowere.

"Ndimuone pakhoma kaye."

"Tidikire chithunzicho."

"Miyezi ina inayi? Ndipo ikakatayika panjira? Ndimuone lero."

"Kuona maso a nkhono n'kudekha, mlongo."

"Musandiuze za nkhono ine! Munadekha inu pamene munkathira madzi pankhope ya mwana wanga?"

Apo anagonja. Ndinkadziwa pobaya, ndipo ndinabaya dala. Anati chabwino, kamodzi kokha, ndipo handulo siima. Ndinavomera.

Anakatenga batire. Masana a tsiku lomwelo tinatseka mawindo a kanyumba kawo, tili awiriwiri. Munkanunkha bulangete ndi palafini. Anakoleka filimu, babu inayaka, handulo inayamba kulira. Ndakatulo sananene.

Pakhoma panabwera madzi. Kung'anima kokhakokha, kuvina, kuthwanima mpaka maso kuwawa. Pansi pake ndinkaona chinthu chikusuntha, mwina phewa, mwina khutu, mwina tsamba la mango. Ndinkadziwa kuti ali m'menemo, koma ndikati ndimugwire ndi maso, kuwala kunkamulanda. Ndinayandikira makina osadziwa kuti ndikuyenda. Kenaka mphuno ya bwato inalowa kuchokera kumanzere, ndipo m'kati mwa mdima wakewo munali mwana wanga. Kunali kuphethira kwa diso monga ananenera. Bwato linadutsa, madzi anabwerera.

"Bwezani."

"Tinapangana, mlongo."

"Sindinamuone! Bwezani!"

Anabweza pang'ono, nayambanso kupukusa. Mphuno ya bwato italowa, ndinagwira handulo ndi manja awiri.

Anaima pakhoma, wamkulu kuposa mmene analili ali moyo. Mutu chagada, maso atatsinzina ndi kuseka, kachipsera kaja pachibwano, kolala ya diresi itapindika mbali imodzi mmene ndinaiwalira kuikonza. Ndinamva achimwene akukuwa, "Siya! Siya, ipsa!" Anandigwira mkono, ine ndinawakankha ndi phewa mpaka anagwera pabedi. Pa tsaya la mwanayo panatuluka kadontho kofiirira. Kanakula, kanachita thovu, nkhope inatseguka pakati, pakhoma n'kutsala kuyera kokha. M'nyumba munamveka fungo la chinthu chopserera.

Apa ndi pamene pali mlandu wanga, ndipo ndiunena mosazungulira. Koyambako ndingati sindinadziwe, ngakhale ndinkadziwa. Koma nditaona khoma layera, ndinasuntha handulo pang'ono, ndipo anabweranso. Yemweyo, pakamwa patatseguka kuposa poyamba. Ndinaimitsanso. Ndinamuyang'ana mpaka anapsa. Ndinasunthanso.

Achimwene anadzuka. Akanatha kuzula waya kubatire, unali pafupi ndi phazi lawo. Anagwada pambali pa makina n'kunena motsitsa, "Mlongo, siyako kamodzi. Kamodzi kokha, ka alamu." Ndinamva. Mawu amenewo ndinawamva bwinobwino. Koma mwana wanga anali pakhoma akuseka, ndipo ndinkati aka kokha, kenako ndisiya. Kakapsa ndinkatinso aka kokha. Sindinkalira n'komwe. Ndinkangomuitana dzina lake, n'kumasuntha.

Kachisanu ndi chiwiri katapsa ndinasuntha handulo, pakhoma panabwera madzi. Ndinasunthanso, madzi. Filimu inaduka, kagudumu n'kumazungulira kokha.

Tinakhala pansi. Kenaka achimwene anazimitsa babu, anachotsa bulangete pawindo limodzi, natola kachidutswa kopsa kaja n'kukayang'ana kudzuwa ndi kagalasi kawo. Anayang'ana uku ndi uku. Panali timabowo tisanu ndi tiwiri tondondozana. Anakaika m'thumba la malaya, nandipatsa madzi akumwa.

Amuna anga anafika patapita milungu isanu, atavala suti yakuda, ndi masutikesi atatu. M'imodzi munali kansapato kofiira kamene anagula kale mwana asanadwale. Anayamba kumanda monga mwa mwambo, analira ndi abale, anadya. Tsiku lachiwiri m'mawa anati, "Tsopano ndikaone mwana wanga."

Tinapita atatu kukanyumba kaja. Njira yonse ndinkakonza mawu, ndipo pakhomo ndinatsegula pakamwa kuti ndinene. Achimwene anandipitirira.

"Alamu, ndakulakwirani kawiri. Ndinajambula madzi pamwamba pa mwana, nkhope inangotsala pang'ono. Pang'ono pomwepo ndinatentha ndine poyesa makina. Ndinaimitsa handulo. Mlongo wangayu sanaone n'komwe."

Ine, mwera, mkazi amene ndinatukwana munthu pamsika anthu n'kusiya malonda, ndinatseka pakamwa. Ndinayang'ana nsapato za amuna anga. Ndinachita mantha, basi, palibe dzina lina.

Amuna anga sanakuwe. Anati awaonetse chotsalacho. Achimwene anali atalumikiza filimu ija podukapo, ndipo anaipukusa yonse. Bambo uja anakhala pampando, chipewa pabondo, kuyang'ana madzi akung'anima. Penapake anadzuka n'kuyandikira khoma, nafunsa, "Ili ndi khutu?" Itatha anavala chipewa chake.

"Alamu, zaka zinayi ndakhala pansi pa nthaka. Ndinapempha chinthu chimodzi. Musadzapondenso pakhomo panga."

Nkhani inawanda boma lonse tsiku lomwelo. Wamisala uja watentha mwana wa mlongo wake. Anthu anasiya kukalembetsa makalata kwa iwo, ati dzanja lawo ndi latsoka. Mnzawo wa lole anasiya kuwabwereka batire. Amayi enieniwo ankawapatsa chakudya osawayang'ana kumaso. Ine ndinkamva zonsezi kumadzi, kumsika, kutchalitchi, ndipo azimayi akamandipepesa ndinkavomera kuti yewo. Kunyumba amuna anga ankandifunsa mwana anali wotani, mphuno anatengera yani, ankaseka bwanji. Ndikafotokoza ankapukusa mutu n'kuti, "Alamu aja, Mulungu awaone." Ine n'kumapitiriza kusesa.

Sanajambulenso. Kamera ndi makina aja anapatsa mphunzitsi wina wa kumtunda, mapepala awo anamanga ndi luzi n'kusiya kwa amayi. Ambiri anadyedwa ndi chiswe, ena amayi anayatsira moto osadziwa. Mvula isanagwe ndinamva kuti akukwera sitima yopita kumpoto, ati akafune ntchito ku Tanganyika.

Ndinanamiza amuna anga kuti ndikukagula usipa, n'kutsikira kudoko. Kunali piringupiringu wa masiku onse a sitima, matumba, nkhuku, azimayi olira, anyamata onyada ndi matikiti awo. Ndinawapeza atakhala pa sutikesi yawo ija, ataonda, kolala ya malaya itatha.

"Achimwene, ndikukanena lero. Tsikani, tiyeni limodzi. Ndikanena pamaso pa amayi ndi pa alamu anu."

"Usakanene."

"Ndikanena! Simungapite ndi mlandu wanga."

"Khala pansi, mlongo." Anandisunthira malo pa sutikesipo. "Munthu uja alibe mwana, alibe chithunzi. Ukanena, sakhalanso ndi mkazi. Woti azimuda ali naye kale, ndiye ine, ndipo zikumuthandiza. Musiye."

"Nanga inu?"

"Madzi aja ndinathira ndine. Pamenepo sindinaname."

Ndinalira pamenepo, kulira kumene sindinalire ngakhale pamanda, anthu akutilambalala ndi katundu wawo. Sitima inalira kachiwiri. Anaimirira, ananyamula sutikesi, kenaka anaiikanso pansi.

"Tandiuza chinthu chimodzi. Tsiku lija ine maso anga anali pa filimu, ndinkaona ikupsa. Pakhoma sindinayang'ane. Unamuona bwino?"

"Ndinamuona."

"Konse kasanu ndi kawiri?"

"Konse."

"Ankaseka?"

"Ankaseka, achimwene. Kachipsera kaja kankaoneka. Mano onse."

Anatseka maso kanthawi, akugwedeza mutu pang'onopang'ono.

"Ndiye kuti ndinajambula bwino," anatero.

Anakwera. Kalata yawo sinabwere ngakhale imodzi. Patapita zaka zitatu kunabwera ya munthu wina wa kwathu, yonena kuti anamwalira ndi chifuwa ndipo anawaika kumeneko. Amuna anga atamva anati pepa, koma kumaliro a kunyumba kwa amayi sanapite. Ndinakhala nawo mpaka imfa yawo, tinabereka ana ena anayi, ndipo onsewo anakula akudziwa kuti anali ndi asibweni amisala amene anatentha chithunzi cha mkulu wawo. Wamng'ono anandifunsapo tsiku lina ngati ndinawakhululukira. Ndinamuuza kuti akatunge madzi.